Kanema wopanda nkhope wa alamu anga a Nihoma

Alamu anga a Nihoma tinawaika Lachinayi lapitali ku manda a m'tauni ku Balaka, pakati pa anthu osawadziwa. Akazi awo, achemwali anga a Rozina, anagona kumudzi kwathu kuseri kwa Ulongwe, ndipo pambali pawo malo alipo, koma munthu amene munamusudzula simumuika pa manda a mbumba yanu. Pamaliropo tinalipo anthu ochepa, ambiri mwa iwo akabaza. Katekisiti atafunsa kuti anene mbiri ya malemu ndani, onse anayang'ana ine, ine n'kuyang'ana pansi. Ananena ndi eni nyumba imene ankachita lendi, ndipo mbiri yonse inathera m'mawu atatu: anali munthu wosavuta. Bodza lenileni limenelo. A Nihoma anali munthu wovuta kwabasi, ndipo poti pamanda paja pakamwa panga panauma, ndinene pano.

Mwana wawo mmodzi yekhayo, Agata, anabwera kuchokera ku Limbe kumene amagulitsa kaunjika. Anaima patali pansi pa mtengo, m'maso muli gwa. Zaka khumi ndi ziwiri zinatha osalankhula ndi bambo ake, ndipo munthu amene akanathetsa chidanicho ndi mawu ochepa chabe ndine, Felesiya, mayi ake aang'ono. Sindinatero. Ndifika pamenepo, musandifulumize, muyambe mwamudziwa kaye munthuyo.

Anthu ankawadziwa ngati ojambula maukwati, ngakhale kuti wowaitana kamodzi sankawaitananso. Eni akewo ankadzitcha mlakatuli. Koma musaganize za ndakatulo zimene timamva pa wailesi, zoti munthu n'kuwomba m'manja. Zawo ankazipeta. Ndikunena kupeta kwenikweni, ndi lichero. Ankayenda ndi kope m'thumba la jekete, ndipo akaima pa siteji ya minibasi ku Ulongwe ankalemba mawu amene anthu akutaya: a woitanira, a mayi wotsatsa tomato, a chidakwa, a munthu wotsanzika mnzake pawindo. Akafika kunyumba ankadula mawuwo ndi lumo, lililonse pa kapepala kake, n'kuthira m'lichero la achemwali, n'kuima pakhonde kumapeta. Touluka ankati ndi mankhusu, tipite. Totsala ankatola kamodzikamodzi mmene tagweramo, osasintha, n'kumata ndi phala la chinangwa pa pepala la thumba la simenti. Ndakatulo yatha pamenepo. Ankati munthu ukamasankha wekha mawu umasankha okukomera, ndiye bola mphepo poti ilibe m'bale.

Ine ndinkawaseka pamaso, chilamu chimalola. Ndinkati, "Alamu, anzanu akupeta nandolo, inu mukupeta mapepala. Ndiwo za lero ndi ziti pamenepa?" Iwo osakwiya, amvekere, "Inu alamu ndinu mankhusu olemera, mphepo yakulepherani."

Anabadwira ku Ngokwe, kwa makolo amene anachoka ku Mozambiki wapansi, ndipo mpaka ukalamba akapsa mtima ankatukwana m'Chilomwe kuti ife tisamve. Kamera anaiphunzira ku Balaka kwa wansembe wina wachizungu amene ankawatuma kujambula maubatizo. Wansembeyo pobwerera kwawo anawasiyira kamerayo, chimkamera chosenza paphewa, cholowa tepi yaikulu ngati njerwa. Ntchito ya kumishoni inawathera tsiku limene anawatuma kujambula ana olandira Ukaristia woyamba, iwo n'kubwerako ndi mapazi okhaokha: nsapato zobwereka zokhwepa, masokosi osiyana, mwana wina wopanda nsapato atapinda zala chifukwa simenti yatentha. Makolo analusa. Iwo anangoti nkhope munthu amaikonzeratu akaona kamera, koma phazi silidziwa kunama.

Ukwati wanga womwe anauchita chimodzimodzi. Pa tepi yonseyo ine mkwatibwi ndimaoneka kamodzi, chigongono chokha, pamene nkhuku ya eni ake imene inalowa m'tchalitchi anaitsata mpaka kuguwa. Ndinawanyanyala miyezi itatu. Makina odulira kanema monga a masiku ano analibe, choncho chilichonse ankachidula m'mutu asanadine batani. Ankatha kuima padzuwa ola lathunthu, kamera ili paphewa, thukuta lili kamukamu, kudikira kuti mthunzi ufike pamene akuufuna. Mawu a ndakatulo ankawanena pomwepo akujambula, pakamwa pali pafupi ndi kamera. Ndiye kanema aliyense anali tepi imodzi basi, yopanda inzake. Ikawonongeka, kwatha.

Tepi ina anajambula pa siteshoni ya Balaka tsiku limene ankadziwa bwinobwino kuti sitima sibwera. Munali njanji ikunyezimira, mbuzi ikudumpha, jumbo ikuuluka, uku iwo kumbuyo akutchula pang'onopang'ono katundu amene anthu amanyamula pa ulendo: mtolo wa nzimbe, nkhuku yomanga miyendo, buku la kuchipatala, mwana wa mchemwali wako. Ananyengerera mwini nyumba ya vidiyo ku Ulongwe kuti aionetse Loweruka masana. Anthu analowa poganiza kuti muli zomenyana. Posakhalitsa anayamba kukuwa kuti sitimayo ibwere, wina anagenda tivi ndi chitsononkho, pomaliza munatsala a Nihoma ndi mdala wina amene anagona. Anafika kunyumba akumwetulira. Ati anthu aja anadikira sitima ndi mtima wonse, anakwiya mmene amakwiyira pa siteshoni penipeni, ndiye kanemayo wagwira ntchito yake. Achemwali anangopukusa mutu n'kuwapatsa madzi osamba.

Zaka zawo zomaliza, atachoka kale kwathu, ankakhala ku Balaka m'kachipinda ka lendi kuseri kwa malo owotcherera zitsulo, pafupi ndi njanji. Ng'ala inawagwira maso onse awiri. Kamera yaikulu ija inafa, munthu wina n'kuwapatsa foni yakale yong'aluka galasi, ndipo ankati tsopano maso ndi kamera agwirizana, onse akuona utsi. Ankaswera pa siteji ya akabaza pafupi ndi msika, kujambula akatumba awo, matcheni, ndi makhushoni ong'ambika okhalapo makasitomala. Akabazawo ankawakonda poti ndi okhawo amene anaonapo kuti miyendo yawo n'njoyenera kujambulidwa, ndipo Lamulungu ankasinthana kuwanyamula ulere kupita ku misa.

Chaka china kunabwera ophunzira a ku koleji ina, atamva kuti ku Balaka kuli mdala wojambula zachilendo. Matepi ambiri anali atachita chuku, koma imodzi inasewera. Anaionera ali chete, mtsikana wina mpaka misozi. Anawatamanda m'Chizungu, anajambulitsa nawo, n'kulonjeza kuti abweranso ndi makina opulumutsira zotsalazo. A Nihoma anadikira madzinja awiri. Kenako anatenga katoni yonse ya matepi n'kupatsa bambo wina wolima mpunga kudambo, amene anasolola timalamba takuda ta m'kati tija n'kutimanga m'munda kuti tiziopseza mbalame. Nditawakalipira, anati ndisadandaule, tsopano apeza oonerera okhulupirika, mpheta sizituluka kanema asanathe. Anaseka, koma kuseka kwake kunandiwawa mpaka ndinayang'ana kumbali.

Tibwerere kumudzi, kumene kuli mlandu wanga. A Nihoma anakhala pa chikamwini kwathu zaka zoposa makumi awiri, ndipo ngati mkamwini anali wolephera, tisanamizane. Mzere umodzi wa thonje ankalima mpaka dzuwa kufika paliwombo, poti ankaima kumvetsera mmene khasu likulirira. Achimwene athu a Lukasi, amene ndi eni mbumba, ankati tinakwatitsa mlongo wathu kwa wailesi. Pakhomo ankadyetsa ndi achemwali, ndi thonje lawo ndi nandolo. Koma nyumba ya njerwa zowotcha ndi malata anamanga ndi a Nihoma, ndi manja awo, pa nthaka yathu, ndipo sindinamvepo atawakwezera mawu akazi awo. Chodabwitsa n'chakuti mkazi wa wojambula sankalola kujambulidwa. Achemwali ankati kamerayo yadya kale zokwanira m'nyumba muno, isadyenso iwo. Chithunzi chawo chinali chimodzi, cha pa ukwati, ndipo chiswe chinachipeza m'sutikesi.

Agata anapita ku Joni ndi mwamuna wake, opanda mapepala. Ali konko, ali ndi pakati, achemwali anatuluka chotupa m'kamwa. Chinayamba ngati dzino, kenako chinatenga tsaya lonse la kumanzere, diso n'kutsekeka. Kuchipatala anatibweza ndi mankhwala opha ululu okha. Agata sakanatha kubwera, ndipo pafoni tinkamubisira kukula kwake kwa matendawo. Koma mwana amamva. Tsiku lina anawauza bambo ake kuti, "Ababa, sindinakupemphenipo kanthu. Ajambuleni amayi. Ndidzawaone, ndipo mwana ali m'mimbayu adzawadziwe agogo ake."

Mawa lake masana ndinali kuchipinda, ndikutsuka bala la achemwali ndi madzi a mchere, a Nihoma n'kulowa ndi kamera paphewa. Achemwali ankalankhula movutika nthawi imeneyo, mawu ankatulukira mbali imodzi, koma ndinamva lililonse.

"Bambo a Agata, chotsani chinthucho pamaso panga."

"Wapempha ndi mwana," anatero a Nihoma. "Akufuna adzakuoneni."

"Adzaone chiyani? Ichi? Anandisiya ndili ndi nkhope, akhale nayo yomweyo. Jambulani zinazo, manja, miyendo, kaya chiyani, si ndiyo ntchito yanu? Koma mukajambula apa, ndikakusumirani kwa Mulungu."

A Nihoma anatsitsa kamera. Achemwali anapuma kaye, kenako anawonjezera.

"Ndipo musadzamuuze kuti ndakana ndine. Adzati amayi anandimana. Inu misala yanu anthu anaizolowera kale."

Anawalumbiritsa atagwira korona, mikanda ija ya mapemphero. Ine sanandilumbiritse. Mwina anaiwala kuti ndili pomwepo ndi beseni, mwina ankadziwa kuti pakamwa panga sipasunga kanthu, tsiku lina ndidzanena ndekha. Zaka zonsezi ndakhala ndikuganiza kuti n'chachiwirichi, ndipo chimandisowetsa mtendere.

Anajambula miyezi inayi, pang'onopang'ono, pa tepi imodzi. Achemwali anamwalira nandolo atayamba kuuma. Agata anali ndi khanda la masabata awiri, pamaliro sanafike.

Anabwera patatha chaka, pomanga chiliza, mwana ali kumbuyo. Tsiku lomwelo linali losudzula. Kwathu mkazi akamwalira, mbumba imakhala pansi n'kumumasula mwamuna kuti abwerere kwawo, koma ngati wakalamba ndipo anakhala bwino ndi anthu, mwambo umangochitika pakamwa, munthuyo n'kukhalabe. Mmawa wa tsikulo achimwene a Lukasi anatiuza ife azimayi kuti a Nihoma sachoka. Ku Ngokwe kunalibenso wawo, minda anagawana ena kalekale. Ine ndinavomera ndi mutu, koma mumtima ndinali ndi zanga. Mwana wanga Marita anali atangokwatiwa, akugona m'kanyumba ka udzu kodontha, pamene nyumba ya malata ya zipinda zitatu munkagona mdala mmodzi ndi matepi ake. Ndanena, ndipo sindibweza.

Titachoka kumanda, Agata anapempha kuti aone amayi ake. Anabwereka tivi ndi batire ya galimoto, mawindo tinatchinga ndi zitenje, anthu anadzaza pabalaza mpaka pakhomo. Agata anakhala patsogolo, mwana atamuyang'anitsa ku tivi.

Munayamba manja a achemwali akusenda nandolo m'lichero, manja okhaokha, ndi chipsera chija anapsa ndi mafuta tili ana. Ankaimba chapansipansi pakamwa potseka. Kenako mapazi otupa ali m'beseni, madzi akugwedera. Kenako msana wawo ali pakhomo, mpango uli kumutu, akuyang'ana kumunda kumene sakanathanso kupita. Mthunzi wawo pakhoma ukumwa phala ndi supuni yaing'ono. Kumbuyo a Nihoma ankanena mawu amodziamodzi, amene achemwali ankanena masiku amenewo, atawapeta monga mwa nthawi zonse: madzi, tseka, kwacha, Agata, pang'ono, basi. Ine misozi inali chuchuchu, pakuti ameneyo anali mchemwali wanga weniweni, kuposa chithunzi chilichonse. Koma Agata sankaona zimenezo. Pakati pa kanema anafunsa osatembenuka, "Ababa, nkhope ibwera nthawi yanji?" Bambo ake anangoyang'ana tivi. Pomaliza panaoneka mphasa yopindidwa itatsamira khoma, kenako tivi inangoti waa.

Agata anapereka mwana kwa mayi wina n'kuimirira.

"Ndinakupemphani chinthu chimodzi," anatero, mawu ali pansi. "Chimodzi chokha. Amayi anga akufa, inu mukusewera nawo ngati nkhuku ya pa ukwati ija."

Wina anayesa kumuuza kuti nkhopeyo inali itawonongeka. Iye anati ngakhale ikanawola, anali amayi ake, ndipo tsaya la kumanja linalipo. Anatulutsa tepi, anaitsegula, anayamba kusolola kalamba kaja mikono ndi mikono, n'kutuluka nako panja kukaponya pamoto umene tinkaphikira nyemba. A Nihoma anakhala pa mpando wawo, manja ali pa mawondo, osasuntha. Fungo la pulasitiki linalowa mpaka m'nyumba.

Achimwene a Lukasi si munthu woipa. Anafuna kumva mbali zonse. Anati, "Alamu, tiuzeni chifukwa chake." A Nihoma anati ndi mmene anaonera iwo, basi. Anthu anang'ung'udza, aliyense anakumbukira mapazi a ana aja ndi sitima yosabwera ija, ndipo mlandu unaoneka wosavuta: munthuyu wachita misala yake pa mkazi wake wodwala. Apo achimwene anatembenukira kwa ine.

"Achemwali, munkadwazika ndinu. Pali chimene mukudziwa?"

A Nihoma anandiyang'ana kamodzi kokha. Sanandipemphe ndi maso, sanandiopseze, anangondiyang'ana.

"Iyayi, achimwene," ndinatero. "Palibe."

Agata anati m'nyumba ya amayi ake munthu ameneyu asagonemonso, ndipo poti iye akubwerera ku Joni, muzikhala Marita. Achimwene ananena mawu a mwambo aja, oti mwamasuka, pitani mukaone kwanu, mukapeze wina wokuphikirani, ndipo ulendo uno sanali a pakamwa chabe. Patatha masiku atatu a Nihoma anakwera minibasi ya ku Balaka ndi sutikesi, kamera ndi katoni ya matepi. Lichero anasiya, ati n'la mbumba. Marita analowa m'nyumbamo sabata yomweyo, ndipo ndinamuthandiza ndine kukolopa.

Kuyambira pamenepo mwezi uliwonse ndinkawapititsira ufa ndi nandolo. Anthu ankati Felesiya ndi wa mtima wabwino. Ha, mtima wabwino wake uti? Ndinkalipira mlandu umene sunazengedwe. Ankandilandirira panja, tinkakhala pa njerwa, tinkanyozana monga kale, ine kuwanena za jekete lawo lonunkha fodya, iwo kundinena kuti ndikunenepa ndi tomato wowola amene makasitomala akana. Za tsiku lija osazitchula. Zinatenga zaka zisanu kuti ndilimbe mtima.

"Alamu," ndinati, "ndimuuze Agata."

Anapukuta foni yawo ndi malaya.

"Tsiku lija zikanathandiza," anatero. "Lero mwachedwa nazo. Panopa amadana ndi ine, ndipo amagona tulo. Mukamuuza, adziwa chimene anaponya pamoto, ndiye adzadana ndi manja ake omwe. Musiyeni."

Ndinawalandira mawu amenewo ndi manja awiri, chifukwa anandipatsa pobisala. Koma sanathere pomwepo. Anandiuza chinthu chimene sindinayembekezere, ndipo ndichinena kuti musawayese oyera mtima. Anati pamene achemwali ankawaletsa kujambula nkhope, mbali ina ya mtima wawo inakondwa. Mkazi wawo akufa, iwo n'kuona kuti apatsidwa kanema amene anakhala akumufunafuna moyo wawo wonse. Anati pa zonse zimene anajambula, tepi yabwino inali imeneyo yokha, ndipo ankadziwa zimenezo akujambula, ndipo ankanyadira. Ndiye Agata ponena kuti ankasewera, sananame kwenikweni. Anati chilango chimene analandira chinali chachikulu kuposa mlandu, koma mlandu unalipo. Ndinawauza kuti akuyankhula zopusa. Anati n'kutheka, ndipo anandifunsa ngati nandolo wa chaka chino wachita bwino.

Anadwala chibayo sabata imodzi yokha. Akabaza ndi amene anawatengera kuchipatala, ndipo ine uthenga unandipeza pamsika ndikuyala tomato, atatha kale. Ndinaimbira Agata. Anangoti wamva, abwera.

Lachisanu, titaika dzulo lake, eni nyumba anati tikachotse katundu poti chipinda chapeza kale munthu. Tinapita awiri, ine ndi Agata. Katundu wake analipo wotani? Zovala tinapatsa akabaza, mbale ndi ndowa tinaika m'thumba limodzi, bedi linali la eni nyumba ndipo anali atalitulutsa kale. Agata anatenga tsache n'kuyamba kusesa mwaukali, fumbi lili koboo.

"Onani," anatero. "Ngakhale kanthu kamodzi ka amayi mulibe muno. Munthu anadzikonda yekha mpaka kufa."

Pamenepo chinandikwera. A Nihoma anandiletsa, ndikudziwa, ndipo kaya ndinachita bwino kaya ndinalakwanso kachiwiri, sindikudziwa mpaka lero. Ndinati, "Agata, siya tsachelo." Ndinamuuza zonse: beseni la madzi a mchere, mawu a amayi ake mmene anawanenera, korona, funso la amalume ake, yankho langa, ndi nyumba ya malata. Sindinadzichepetsere mlandu. Anamvetsera ataima, tsache lili m'manja.

"Amayi aang'ono," anatero nditamaliza, "mukundiuza lero kuti ndipite nazo kuti?"

Kunja owotcherera zitsulo anayatsa makina awo, anazimitsa, anayatsanso. Agata atalankhulanso, mawu ake anali ngati a mwana.

"Mu tepi muja amayi ankaimba eti? Ine sindinamvetsere. Ndinkangodikira nkhope. Inali nyimbo yanji?"

Ndinayesa kuikumbukira, Mulungu ndi mboni. Ndinaona manja aja, ndinaona nandolo akugwera m'lichero, koma nyimboyo inakana kubwera.

"Ndaiwala, mwanangu."

Anatsamiritsa tsache pakhoma bwinobwino, anatenga chikwama chake, anatuluka osatsanzika. Ndinamuona pawindo akudumpha njanji kulowera kudepoti, akuyenda mofulumira, dzanja lili pakamwa.

Ndinatsala ndekha kudikira eni nyumba kuti ndipereke kiyi. Kachipindako n'kakang'ono, masitepe anayi mbali iyi, atatu mbali iyo. Pansi pali timaenje tinayi pamene panali miyendo ya bedi, ndipo pakhoma pali banga lakuda la mafuta pamene ankatsamiritsa mutu. Windo ndi limodzi, galasi lina n'losweka, anatsekapo ndi katoni. Kumwamba malata ali ndi timabowo ta misomali, dzuwa limalowa n'kugwera pansi ngati timakobiri. Kuseri kwa chitseko, pamene sindikanaona chikanakhala chotsegula, panalembedwa nambala ya foni ndi khala, manambala akuluakulu ngati chikhatho, oti munthu wa ng'ala aone. Anaibwereza kangapo pamwamba pomwepo ikayamba kufufutika. Ndinaizindikira. Inali ya Agata ya ku Joni, imene anaisiya kalekale atabwerako n'kukakhala ku Limbe.

Eni nyumba atandipeza ndikuiyang'ana, anati mdalayo ankaiyimba pa Khirisimasi iliyonse, n'kumvetsera mpaka mawu a makina aja atamaliza kunena kuti nambalayo kulibe. Nambala yatsopano ya Agata inali m'foni yanga zaka zonsezi, m'thumba lomwe ndinkanyamuliramo nandolo, ndipo sanandipemphepo. Ndinapereka kiyi. Eni nyumba anayesa loko kawiri, nati khomalo apakapo laimu Lolemba.